Du Chisiza Junior

Dunduzu Chisiza Junior (26 Marichi 1963 – 24 Febuluwale 1999), wodziwika kwambiri ndi dzina loti Du Chisiza, anali mlembi wa masewero, wotsogolera zisudzo, wochita zisudzo komanso wandale wa ku Malawi. M'chaka cha 1987 anakhazikitsa gulu la Wakhumbata Ensemble Theatre, lomwe limatengedwa kuti ndilo loyamba ku Malawi kuchita zisudzo ngati ntchito yodyerapo. Analemba masewero oposa 20, ndipo anathandiza kulemba ndi kukonza ena ambiri. Masewero ake anali a m'Chingerezi ndipo ankakamba za ulamuliro, katangale, ufulu wa anthu, chikondi ndi banja, m'zaka zomwe kudzudzula boma poyera kunkatha kutengera munthu kundende. Mu 1993 anasankhidwa kukhala nduna yoona za masewera, achinyamata ndi chikhalidwe m'boma la Malawi Congress Party, zomwe zinadabwitsa anthu ambiri okonda zisudzo zake. Anamwalira ali ndi zaka 35.

Banja lake

Du anabadwira m'banja lochokera ku Karonga, kumpoto kwa Malawi, lomwe dzina lake linali lotchuka kale pa ndale za Nyasaland. Bambo ake, Dunduzu Kaluli Chisiza, anabadwa mu 1930. Ali ku Salisbury, mzinda womwe lero ndi Harare, anali mmodzi mwa anthu amene anayambitsa bungwe la City Youth League mu 1955, pamodzi ndi James Chikerema ndi George Nyandoro, ndipo boma la Southern Rhodesia linawathamangitsa m'dzikolo mu 1956. Mu Marichi 1959, boma la atsamunda ku Nyasaland litagwira atsogoleri a Congress, iwo anatumizidwa kundende ya Gwelo, komwe anatsekeredwa limodzi ndi Dr. Hastings Kamuzu Banda, Henry Masauko Chipembere ndi mkulu wawo Yatuta Chisiza. Atatuluka mu 1960 anakhala mlembi wamkulu wa MCP, ndipo chisankho cha 1961 chitadutsa anapatsidwa udindo waukulu mu unduna wa zachuma. Analemba buku lotchedwa Africa: What Lies Ahead, momwe anachenjeza za ulamuliro wankhanza womwe ukanatha kubwera m'maiko ongolandira kumene ufulu.

Kumayambiriro kwa Seputembala 1962, galimoto la Dunduzu Chisiza linapezeka litagwera pamlatho wa Thondwe, pamsewu wa pakati pa Zomba ndi Blantyre, mwini wake atamwalira. Anali ndi zaka 32. Boma linati inali ngozi, koma anthu ambiri sanakhutire ndi kufotokozako, ndipo imfayo ikukambidwabe m'mabuku a mbiri ya Malawi. Du anabadwa patapita miyezi pafupifupi 7, choncho bambo ake sanawaone. Anapatsidwa dzina lawo.

Bambo ake aakulu, Yatuta Chisiza, anali nduna yoona za m'dziko pamene Malawi inkalandira ufulu mu Julayi 1964. Patangopita miyezi yochepa nduna zingapo zinasemphana maganizo ndi Dr. Banda, ndipo Yatuta anali mmodzi mwa amene anathawira kunja. Mu 1967 anabwerera ndi kagulu ka anthu onyamula zida n'cholinga chochotsa boma, koma anaphedwa pomenyana ndi asilikali a boma kudera la Mwanza mu Okutobala chaka chomwecho. Pa nthawiyi Du anali ndi zaka 4. Anakula ndi dzina lomwe mbali ina linkalemekezedwa ngati la womenyera ufulu, pomwe mbali ina boma linkaliona ngati la chigawenga. Mbiri ya banjayi inadzaonekera m'masewero ake komanso m'mene anthu ankaonera zochita zake pa ndale.

Sukulu ndi chiyambi cha zisudzo

Du anayamba zisudzo ali ku sekondale ya Henry Henderson Institute, yodziwika kuti HHI, pa Blantyre Mission. M'zaka zimenezo njira yaikulu yolowera m'zisudzo kwa wachinyamata inali mpikisano wa masukulu wokonzedwa ndi ATEM, bungwe la aphunzitsi a Chingerezi, womwe unayamba chakumapeto kwa zaka za m'ma 1960. Cholinga cha mpikisanowu chinali kukometsa Chingerezi cha ophunzira, motero masewero onse ankayenera kukhala a m'chilankhulochi. Masukulu ankapikisana m'zigawo, kenako opambana ankakumana pa ndime yomaliza ya dziko lonse. Mpikisanowu unaphunzitsa ana a sukulu ambiri kulemba ndi kuchita masewero, komanso unawazoloweretsa kuonera zisudzo za m'Chingerezi. Ambiri mwa iwo atamaliza sukulu n'kupeza ntchito m'tauni ndiwo anadzakhala oonera a Wakhumbata.

Mu 1982 Du analemba ndi kutsogolera sewero lotchedwa The Deceased's Attack, lomwe linapambana pa mpikisano wa dziko lonse. Chaka chotsatira anasonkhanitsa anzake m'gulu lotchedwa Wakhumbata Workshop Theatre kuti zisudzo zawo zituluke m'makoma a sukulu. Posakhalitsa anapita ku United States, komwe anakaphunzira luso la zisudzo pa sukulu ya ukachenjede mumzinda wa Philadelphia. Anabwerera kwawo mu 1987.

Zisudzo ku Malawi Wakhumbata isanayambe

Pamene Du ankabwerera, zisudzo ku Malawi zinkachitika m'malo atatu makamaka, ndipo onsewa anali ndi wowalipirira. Oyamba anali masukulu a sekondale kudzera mu mpikisano wa ATEM. Achiwiri anali Chancellor College ku Zomba, komwe gulu la Travelling Theatre linkayendera masukulu ndi madera osiyanasiyana kuyambira m'zaka za m'ma 1970. Kumeneku ndi komwe kunachokera alembi monga Steve Chimombo, yemwe analemba The Rainmaker, James Ng'ombe ndi Innocent Banda, ndipo ena mwa masewero a nthawiyo anasonkhanitsidwa ndi James Gibbs m'buku la Nine Malawian Plays mu 1976. Achitatu anali wailesi ya MBC, yomwe inkaulutsa masewero monga Kapalepale, Pamajiga ndi Sewero la Sabata Ino m'Chichewa, komanso Theatre of the Air m'Chingerezi. Kwa anthu a madera akumidzi monga Phalombe, yomwe nthawiyo inali mbali ya boma la Mulanje, wailesi ndiyo inali njira yaikulu yomvera sewero lolembedwa.

Panalinso magulu a m'tauni omwe mamembala ake ankachita zisudzo akaweruka kuntchito zawo. Lodziwika kwambiri linali Kwathu Drama Group ya ku Blantyre, lochita masewero a m'Chichewa, momwe munali John Nyanga ndi Eric Mabedi, omwe anatchuka ndi maina a Izeki ndi Jakobo.

Malawi inalibe wailesi yakanema mu ulamuliro wonse wa Dr. Banda, ndipo kupanga mafilimu a nkhani za Amalawi kunali kusanayambe kwenikweni. Nyumba zochepa zoonetsera kanema zomwe zinali m'mizinda zinkaonetsa mafilimu ochokera kunja. Munthu wofuna kuona ndi maso nkhani ya kwawo ikuseweredwa ankayenera kupita kuholo. Ntchito yomwe m'maiko ena inkagwiridwa ndi filimu, ku Malawi inkagwiridwa ndi nsanja ya zisudzo.

Wakhumbata Ensemble Theatre

Chomwe chinasiyanitsa Wakhumbata ndi magulu ena n'chakuti linalibe sukulu, koleji kapena wailesi yolilipirira. Linkadalira ndalama zomwe anthu ankapereka pakhomo. Kuti sewero lifike pansanja, gulu linkayenera kupeza chilolezo, kulipira holo, kukonza zovala ndi zipangizo, kupeza galimoto yonyamula anthu ndi katundu, kulengeza m'nyuzi ndi pa mapositala, kenako kugawana zotsala. Holo ikapanda kudzaza, panalibe kwina kotapa ndalama.

Pa chifukwa ichi Du sanali mlembi ndi wochita zisudzo chabe. Anali mwini bizinesi komanso wotsatsa malonda a gulu lake. Iye yemweyo ndiye ankalemba sewero, kuphunzitsa osewera, kutenga mbali yaikulu pansanja ndi kuyendetsa gululo, ndipo dzina lake pa positala ndilo linkakopa anthu. Malo omwe gululi linkaonekera kawirikawiri anali French Cultural Centre ku Blantyre, yomwe kwa zaka zambiri inali likulu la zisudzo ndi zoimbaimba mumzindawu. Kuchoka apo linkayenda ndi sewero lomwelo ku Zomba, Lilongwe, Mzuzu ndi m'masukulu.

Anthu omva bwino Chingerezi komanso okhoza kulipira pakhomo anali ochepa, ndipo ambiri anali omwewo obwera sabata ndi sabata. Sewero limodzi silikanatha kukhala pansanja miyezi yambiri monga zimachitikira m'mizinda ikuluikulu ya kunja. Gulu lofuna kudya za zisudzo linkayenera kubweretsa chatsopano pafupipafupi, ndipo ichi n'chimodzi mwa zifukwa zomwe Du analembera masewero ochuluka chonchi m'zaka 12 zokha. Kufunika kodzaza holo kunakhudzanso kalembedwe kake. Nkhani zolemera za ndale ankazisakaniza ndi nthabwala, chikondi, nyimbo ndi magule, ndipo ankakonda Chingerezi chozama ndi cha mawu amphamvu, chomwe ophunzira ambiri ankachisirira.

Kusankha Chingerezi kunali ndi phindu ndi malire ake. Kunapatsa gululi oonera ophunzira ndi olandira malipiro, komanso kunalola kuti sewero limodzi limveke m'zigawo zonse zitatu. Koma kunasiya kunja anthu ambiri a kumidzi, omwe magulu a Chichewa monga Kwathu ankawafikira mosavuta.

Masewero ake ndi bungwe lounika zisudzo

Lamulo la 1968 loona za kuunika mabuku ndi zosangalatsa linakhazikitsa bungwe lomwe linali ndi mphamvu yoletsa buku, filimu, nyimbo kapena sewero. Gulu lililonse linkayenera kupereka sewero lolembedwa kuti liwerengedwe lisanaonetsedwe, ndipo bungwelo linkatha kuchotsa mizere ina kapena kukana sewero lonse. Kwa gulu lodalira ndalama za pakhomo, sewero loletsedwa linkatanthauza kutayika kwa miyezi yokonzekera pamodzi ndi ndalama zonse zolowetsedwamo. Panalinso choopsa choposa pamenepo. Mu Seputembala 1987, chaka chomwe Wakhumbata inayamba, mlakatuli Jack Mapanje, mphunzitsi wa pa Chancellor College, anamangidwa n'kusungidwa kundende ya Mikuyu popanda kuzengedwa mlandu mpaka Meyi 1991.

Alembi a nthawiyo anaphunzira kulankhula mophiphiritsa. Ena ankabisa uthenga m'nthano ndi mbiri yakale, monga anachitira Chimombo ndi nkhani za M'bona ndi Napolo. Du nayenso ankaika nkhani za dziko m'kamwa mwa anthu a m'banja, a pantchito kapena a dziko longopeka, n'kusiyira oonera kuti amasulire okha. Sewero la Papa's Empire ndi chitsanzo chotchuka. Oonera ambiri analimva ngati likunena za ulamuliro wa Dr. Banda, yemwe ankatchedwa tate ndi mwini fuko, ngakhale silinamutchule dzina. Pansanja, kayendedwe ka munthu, kamvekedwe ka mawu kapena kungokhala chete pang'ono zinkatha kunena zomwe sizinalembedwe papepala lomwe bungwe lounika linawerenga.

Masewero ena odziwika a Du ndi Fragments, Educating Mwalimu, Barefoot in the Heart, Democracy Boulevard, De Summer Blow, Kabuha Tragedy ndi Tatuya Futi. Democracy Boulevard linabwera m'nyengo ya mkangano wa chipani chimodzi ndi zipani zambiri. Tatuya Futi limakhudza mbiri ya bambo ake aakulu, ndipo dzina loti Tatuya ndi Yatuta lomwelo lotembenuzidwa.

Kulowa ndale

Kuyambira mu 1992 zinthu zinasintha mofulumira ku Malawi. Pa 8 Marichi mabishopu a Katolika anatulutsa kalata yodzudzula kusowa kwa ufulu ndi chilungamo. Mu Epulo Chakufwa Chihana anamangidwa atangotsika ndege ku Lilongwe, ndipo mu Meyi kunachitika zionetsero ndi kunyanyala ntchito ku Blantyre, maiko othandiza Malawi n'kuimitsa thandizo lina. Pa riferendamu ya pa 14 Juni 1993, anthu oposa 60 pa 100 alionse anavotera zipani zambiri, ndipo chigawo cha kumpoto, kwawo kwa banja la Chisiza, chinakana chipani chimodzi mwamphamvu kwambiri.

M'nyengo yomweyi Du analowa MCP ndi kulandira udindo wa unduna. Anthu ambiri sanamvetse. Anali mwana wa m'bale wa munthu yemwe anaphedwa polimbana ndi boma lomwelo, komanso mlembi yemwe oonera ankamuona ngati wolankhula zomwe iwo ankaopa kunena. Ena anaona ngati wagulidwa ndi chipani chomwe chinkafuna achinyamata ndi anthu a kumpoto kuti chioneke chatsopano. Ena ankakumbutsa kuti MCP chinali chipani chomwe bambo ake anathandiza kumanga, ndipo kuti unduna woona za chikhalidwe unali mwayi wothandiza aluso. Udindowu sunakhalitse. Pa chisankho cha pa 17 Meyi 1994, Bakili Muluzi wa United Democratic Front anapambana, mipando yonse ya aphungu ya kumpoto inapita ku AFORD ya Chihana, ndipo MCP inatuluka m'boma. Du anasiya ndale n'kubwerera ku zisudzo.

Zaka zomaliza ndi imfa

Nsanja yomwe anabwererako inali yosiyana ndi ya kale. Ufulu wolankhula utabwera, nyuzi zambiri zatsopano zinayamba kulemba poyera zomwe kale zinkangomveka mophiphiritsa m'holo, motero sewero silinalinso malo okhawo omvera boma likudzudzulidwa. Ndalama ya kwacha inagwa mphamvu kwambiri mu 1994 komanso mu 1998, zomwe zinakweza mtengo wa mayendedwe ndi maholo pamene matumba a oonera ankachepa. Nyumba zoonetsera mavidiyo pamtengo wotsika zinachulukanso m'matauni. Ngakhale zinali choncho, Wakhumbata inapitiriza kutulutsa masewero atsopano, ndipo Du analoza chala kwa atsogoleri a boma latsopano monga ankachitira ndi akale. Inalinso nthawi yomwe mbiri ya anthu monga Yatuta Chisiza, yomwe kwa zaka pafupifupi 30 sinkakambidwa poyera, inatha kufika pansanja.

Chakumapeto kwa moyo wake analowa chipani cha UDF ndipo ankakonzekera kupikisana nawo pa chisankho cha aphungu cha 1999. Anamwalira atadwala pa 24 Febuluwale 1999, kutatsala mwezi umodzi kuti akwanitse zaka 36. Television Malawi, wailesi yakanema yoyamba ya dziko, inayamba kuulutsa mu Epulo chaka chomwecho, patangopita masabata ochepa, ndipo chisankho chinachitika mu Juni.

Zomwe anasiya

Du atamwalira, utsogoleri wa Wakhumbata unapita kwa Gertrude Kamkwatira, yemwe anali mmodzi mwa osewera odziwika a gululi. Patapita nthawi Kamkwatira anayambitsa gulu lake la Wanna-Do Ensemble Theatre, analemba masewero monga It's My Fault, Jesus' Retrial ndi Breaking the News, ndipo anatsogolera bungwe la National Theatre Association of Malawi. Anamwalira mu 2006.

Njira yomwe Du anatsegula, yoti munthu akhoza kusiya ntchito ina n'kumadya za zisudzo, inafika mpaka ku mafilimu. Joyce Mhango Chavula, yemwe anasewerapo mu Wanna-Do, anasiya ntchito yotsatsa malonda mu 2009 n'kuyambitsa gulu la Rising Choreos, potengera chitsanzo cha Kamkwatira. Kenako analowa m'mafilimu, ndipo filimu yake yotchedwa Lilongwe inapata mphoto pa Africa Magic Viewers' Choice Awards mu 2016. Mafilimu a Shemu Joyah, monga Seasons of a Life, The Last Fishing Boat ndi The Road to Sunrise, nawonso anagwiritsa ntchito osewera ambiri omwe anakulira pansanja.

Mwana wake, Thlupego Chisiza, anatsatira mapazi a bambo ake ndi gulu la Lions Theatre. Mu Disembala 2011 apolisi anamugwira ku Blantyre sewero lake lotchedwa Semo lili mkati, pa mlandu woonetsa sewero popanda chilolezo cha bungwe lounika zisudzo. Sewerolo analilemba mothandizana ndi Robert Chasowa, wophunzira wa pa Polytechnic yemwe anapezeka atafa mu Seputembala chaka chomwecho, ndipo linkadzudzula ulamuliro wa nthawiyo. Lamulo lomwe linagwiritsidwa ntchito linali lomwe lija la 1968, lomwe bambo ake ankalimbana nalo. M'chaka chomwecho French Cultural Centre inatsekedwa, ndipo malowo, omwe tsopano ali m'manja mwa boma, amatchedwa Blantyre Cultural Centre.

Akatswiri a mbiri ya zisudzo amamuika Du Chisiza pakati pa anthu ofunika kwambiri pa zisudzo za Malawi. Mufunanji Magalasi, yemwe ankaphunzitsa pa Chancellor College, anafufuza ntchito yake pamodzi ndi ya Kwathu ndi ya Kamkwatira m'buku la Stage Drama in Independent Malawi, lomwe limakamba za zaka za 1980 mpaka 2002. Mwa masewero onse omwe Du analemba, ochepa okha ndiwo anasindikizidwa m'mabuku. Popeza anagwira ntchito dziko lisanakhale ndi wailesi yakanema, zambiri za momwe ankasewerera zatsala m'chikumbumtima cha anthu amene anamuonera m'maholo a ku Blantyre, Zomba, Lilongwe ndi Mzuzu.